Nsapato za Amayi NyaChirwa Pakhomo pa Mzikiti

Sabata yathayi chakwana chaka chimwalirireni Amayi NyaChirwa. Ine kumanda kwawo sindinafike. Ndinangoperekeza lole yonyamula bokosi kuchokera ku Kawale mpaka ku Kanengo, komwe ife a m'tauni tinatsika, lole n'kupitiriza ulendo wa ku Rumphi. Otsikafe tinali osakanikirana: aphunzitsi, amayi a kumpingo, ndi amayi ena ovala mipango yaitali ya Chisilamu, omwe anaima paokha m'mbali mwa msewu misozi ikungoyenderera. Bambo wina wodutsa pa njinga anaima n'kufunsa ngati malirowo anali a Mkhristu kapena a Msilamu. Ine yankho ndinali nalo, koma nkhani yake si yothera pamsewu, ndipo mbali yanga m'nkhaniyo si yonyaditsa.

Ndinaphunzitsa nawo zaka zambiri pa sekondale yoyendera ya m'dera lathu. Ine ndinkaphunzitsa Chichewa, iwo phunziro la Baibulo, lomwe ana ankangoti BK. Kutchalitchi tinalinso limodzi: iwo mtsogoleri wa gulu la amayi, ine mlembi wawo. Anali mayi wamtali, wa imvi zosabisa, wosadziwa kunong'ona. Mwendo wawo wakumanzere unali waufupi pang'ono chibadwire, choncho wosoka nsapato wa mumsika ankawawonjezera chidendene cha mbali imeneyo ndi zidutswa za tayala. Nsapatozo zinali zakuda, zazingwe ngati zachimuna, zopolishidwa m'mawa uliwonse ngakhale nthawi ya matope. Ana ankazimva zisanaoneke. Kukamveka kugunda kosiyana pakhonde, kwina kolemera kwina kopepuka, kalasi yonse inkati zii.

Ku Lilongwe anakhala zaka zoposa makumi atatu, koma akakwiya Chitumbuka chinkawatulukira chokha. Mwana akayankha zamphekesera, iwo ankamenya tebulo n'kuti, "Yayi!" Ndiye ana anawapatsa dzina loti Amayi Yayi. Dzinalo ankalidziwa, ndipo ndikukhulupirira kuti ankalikonda. Pophunzitsa sankakhala pansi. Choko ankasunga m'kachitini ka mafuta odzola, chifukwa cha musitafurumu chinkasowa sabata isanathe. Ankakonda kunena kuti mphunzitsi wophunzitsa zomwe sakudziwa ali ngati munthu wolozera alendo njira ya kumudzi komwe iye sanapondeko: amaloza ndi chala chowongoka bwino, anthu n'kukagona kutchire.

Mikangano yawo yambiri inali ndi makalata. Masiku amenewo makalata osintha zinthu ankabwera motsatizana: lero silabasi yatsopano, mawa dzina la sukulu lasintha, mkuja mayeso alembedwa mwanjira ina. Ahedi akamawerenga kalata yotere pamsonkhano wa aphunzitsi, maso onse ankapita kwa Amayi NyaChirwa. Iwo ankati maphunziro a dziko lino ali ngati nyumba yomwe mwini wake amasuntha khomo chaka chilichonse, ana n'kumangogunda khoma. Ankafunsanso ngati wolemba kalatayo anaimapo kutsogolo kwa ana odzaza mpaka pazenera, ena a ku Mangochi, ena a ku Nsanje, ena a ku Karonga, ena a konkuno ku Chinsapo, aliyense ndi Mulungu wake ndi chilankhulo cha kwawo. Ahedi ankangoti, "Madamu, ine ndangowerenga."

Chifukwa chomwe ankadera makalata ndinachidziwa mochedwa. Kale, nthawi ija aphunzitsi a kumpoto anauzidwa kuti abwerere kwawo, iwonso inawapeza kalata. Anakwera lole ndi ana awiri ndi matiresi, amuna awo n'kutsala kuno chifukwa cha ntchito. Pomwe zinthu zinasintha n'kuloledwa kubwerera, amuna awo anali atamwalira. Nkhaniyi anandiuza kamodzi kokha, tikusenda mtedza, ndipo anaimaliza ndi kundifunsa ngati mchere ulipo.

Kumayambiriro kwa zaka za m'ma 2000 kunabwera kalata yomwe inawasokonezera moyo. Inati phunziro la Baibulo lichoke, m'malo mwake mulowe phunziro la zipembedzo ndi makhalidwe, momwe ana aziphunzira za Chikhristu, za Chisilamu ndi za chipembedzo cha makolo. Anthu ambiri sadziwa kuti pasukulu yathu yemwe anakana kwambiri anali iwowo. Anaimirira pamsonkhano.

"Yayi, ahedi! Ine zaka zonsezi ndaphunzitsa buku lomwe ndimalidziwa. Lero ndikayambe za Korani? Ndinaiona kuti?"

Anawatumiza ku maphunziro a masiku ochepa, n'kubwerako ndi timapepala tomangidwa ndi waya. Anayamba kuphunzitsa monyinyirika, pomwe timapepalato tasiya mpata n'kumawonjezera za m'mutu mwawo.

Mu Fomu 2 munali mtsikana wa ku Biwi dzina lake Asiyatu, Msilamu, wofatsa moti ukanatha teremu osamva mawu ake. Chaka cham'mbuyo mwake ndiye ankaposa onse pa BK. Maulendo a Paulo ankawatchula mzinda ndi mzinda kuposa ana a akulu ampingo. Tsiku lina Amayi NyaChirwa anauza kalasi kuti Asilamu amapembedza mwezi, n'chifukwa chake amauika pamwamba pa mizikiti yawo. Asiyatu anakweza mkono.

"Madamu, si choncho. Ife sitipembedza mwezi."

Kalasi inaphulika ndi phwete. Mnyamata wina kumbuyo anakuwa kuti shehe walankhula. Amayi NyaChirwa, omwe sanazolowere kutsutsidwa ndi mwana, anangoti, "Khala pansi." Mtsikanayo anakhala. Mawa lake sanabwere, ndi mkuja womwe.

Lachitatu ndinawapeza musitafurumu ali okha, tiyi wazizira m'kapu.

"Naphiri," anandiitana, "iwe ukudziwa ngati anthu aja amapembedza mwezi?"

Ndinati ndimangomva choncho.

"Inenso ndimangomva. Ndiye ndaima pamaso pa ana, choko kumanja, n'kunena zongomva. Mwana yekhayo wodziwa ndamukhazika pansi."

Madzulo ake anayenda wapansi mpaka ku Biwi, akufunsa khomo ndi khomo. Amayi a Asiyatu, Abiti Jafali, ankagulitsa usipa ndi tomato pakhomo pawo. Iwowo ndi omwe anadzandifotokozera za tsikulo patapita zaka. Ati ataona mphunzitsi wamtaliyo akulowa kumpanda, mtima unagwa, poganiza kuti mwana wachotsedwa sukulu. Anayala mkeka. Mlendoyo anavula nsapato, nakhala, n'kuti:

"Amayi, ndabwera ndi zinthu ziwiri. Choyamba ndi kupepesa kwa mwana wanu. Chachiwiri, ndabwera kudzalembetsa sukulu. Mundiphunzitse."

"Ine, madamu? Ine ndi sukulu tinangodutsana panjira. Ngakhale dzina langa sinditha kulemba."

"Kulemba ndilemba ine. Inu muzingonena."

Asiyatu anabwerera kusukulu, ndipo Amayi NyaChirwa anaima kutsogolo kwa kalasi n'kunena kuti zija za mwezi zinali zabodza, ndipo wonama anali iwowo. Ana sanaseke. Sanamvepo mphunzitsi akunena zotero.

Kuyambira pamenepo, Lachiwiri lililonse akaweruka ankapita ku Biwi ndi kope. Ankafunsa za mapemphero awo otchedwa swala, za kusala m'mwezi wa Ramadani, za kusambitsa maliro, za chifukwa chomwe nyama ina saidya. Zovuta Abiti Jafali ankakafunsa kwa shehe n'kubweretsa yankho sabata yotsatira. Ati ankasekana Chichewa, wina chopendekera ku Chiyao, wina ku Chitumbuka, aliyense akuti cholakwika n'cha mnzake. Tsiku lina Abiti Jafali anatopa ndi mafunso n'kuti:

"Madamu, swala siifotokozeka ndi pakamwa. Bwerani Lachisanu mudzaone nokha."

Anapita Lachisanu la tchuthi. Anafunda mpango wobwereka, nakhala kumbuyo kwenikweni, mbali ya amayi, msana atatsamira khoma. Sanaswali, anangoona ndi kumvetsera. Koma pakhomo, pakati pa masilipasi ambirimbiri, panali nsapato zakuda zazingwe, ya kumanzere yachidendene chachitali. Mayi wina wa kumpingo kwathu ankadutsa pamenepo popita kuchigayo. Pofika Lamulungu, Kawale yense anali atamva kuti NyaChirwa alowa Chisilamu.

Nthawi yake inali yoipa. Masiku amenewo m'matchalitchi ambiri munali mkwiyo ndi phunziro latsopanolo. Anthu ankati ndi njira yochotsera Baibulo m'manja mwa ana, ndipo makolo ena ankabwera kusukulu kudzakalipa. Ndiye kumva kuti mtsogoleri wa amayi wapezeka mumzikiti, kunali ngati kuthira parafini pamoto.

Akulu ampingo anawaitana. Ine ndinalipo monga mlembi wa amayi, ndinakhala pabenchi ya kukhoma. Wofunsa anali Abambo Chisale, mkulu wa mpingo yemwe ana ake onse anadutsa m'manja mwa Amayi NyaChirwa.

"Amayi, n'zoona kuti munavula nsapato pakhomo paja?"

"Ndinavula, Abambo. Kwanunso ndimavula ndikamakhala pamkeka wa akazi anu."

"Munagwada nawo?"

"Ndinakhala pansi. Ndi mwendo wangawu, ngakhale muno ndimagwada movutika."

"Nanga mtsogoleri wa amayi amakafuna chiyani kumeneko?"

"Ndinapita ngati mphunzitsi. Boma landipatsa ana a anthu amenewo, landipatsanso phunziro. Ndinanama kamodzi, sindifuna kunama kawiri."

Abusa a nthawi imeneyo sanali munthu wankhanza. Anayesa kuwatsegulira njira: angoima pamaso pa mpingo n'kunena kuti analakwa, nkhani ithere pomwepo. Amayi NyaChirwa anayankha akuyang'ana manja awo.

"Abusa, ngati ndi bodza lija ndinauza ana, ndinalapa kale. Ngati ndi mtima wanga wapachala, ndilapa ngakhale lero. Koma kuti ndinalakwa pokafunsa chomwe sindinkadziwa, yayi. Ndikanena zimenezo ndiye kuti ndanamanso, tsono m'nyumba ya Mulungu."

Anagamula kuti atule udindo, abweze yunifolomu ya amayi, ndipo asayandikire mgonero mpaka atavomera kulakwa. Asanatseke, abusa anafunsa ngati mbali ya amayi inali ndi mawu. Mbali ya amayi ndinali ine. Ndinkadziwa za Asiyatu, ndinkadziwa za kope lija, ndinali nditaona tiyi wozizira uja. Ndinayang'ana pansi n'kupukusa mutu. Ndinaopa kuti mawa anena za ine.

Amene anatumidwa kukatenga yunifolomu ndinenso. Ndinaipeza atachapa kale, atasita, ataipinda m'jumbo: bulauzi yoyera, duku loyera, siketi yakuda. Anaivala zaka zambiri kuposa zomwe ine ndinali nditakhala pabanja. Ndinayamba kulira ndisanakhale n'komwe.

"Iwe Naphiri, pukuta nkhope. Wakutuma ndi udindo. Koma usakaiponye m'kabati ya kutchalitchi, muli mphemvu. Kasunge kwanu."

Anandiphikira tiyi, n'kundifunsa za mayeso a Fomu 4 ngati palibe chachitika.

Sipanapite nthawi yaitali, kunabwera kalata ina. Inati phunziro latsopano lija liyambe laima, sukulu zibwerere ku BK pomwe akuluakulu akukambirana. Ahedi anaiwerenga mothamanga, osakweza maso. Tonse tinkadikira kuti Amayi Yayi aphulike. Iwo anangofunsa ngati silabasi yakale ikadali m'kabati kapena inatayidwa. Pambuyo pake kunamveka kuti maphunziro awiriwo aziyendera limodzi, sukulu izisankha yokha. Yathu inasankha BK. Phunziro lomwe linawavula yunifolomu silinaphunzitsidwenso pasukulu pathu.

Ine ndinaganiza kuti basi, tsopano apepesa, popeza chokanirira chatha. Ndinawauzadi choncho. Anandiyang'ana pamwamba pa magalasi n'kunena kuti kalata imatha kuchotsa phunziro pa ndandanda, koma siingabweze m'mutu mwa munthu umbuli womwe watuluka. Ku Biwi sanasiye kupita, kungoti kope analisiya. BK anaiphunzitsa mpaka kupuma ntchito, mwaukali womwe uja, koma mwana akanena mawu onyoza chipembedzo cha mnzake ankamutulutsa panja n'kumutuma kuti akafunse kwa eni ake, abwere ndi yankho. Anakangananso ndi ahedi mpaka ana a Chisilamu analeka kulembedwa kuti athawa sukulu akapita kukaswali Lachisanu masana. Asiyatu anamaliza Fomu 4. Malo ku koleji sanapeze. Pano amagwira ntchito m'sitolo ina m'tauni.

Tchalitchi sanachisiye ngakhale Lamulungu limodzi. Ankabwera ndi chitenje wamba, n'kukhala kumbuyo. Tsiku la mgonero, mbale zikayamba kuyenda, ankatuluka mwakachetechete, nsapato zija zikugunda pasimenti, aliyense n'kumayesa ngati sakumva. Abale awo a kumpoto anawapempha kambirimbiri kuti asamukire kumpingo wina komwe anthu akwawo ankapemphera m'Chitumbuka, komwe akanawalandira ndi manja awiri. Mwana wawo Wongani anachita kuwakalipira pa nkhaniyi. Iwo anakana. Anati anakwezedwapo kale lole chifukwa cha komwe anabadwira, ndiye sangadzikweze okha.

Sindikufuna kuwapanga mngelo. Anali ouma mutu, ndipo kuuma kwawoko kunapweteka anthu. Abusa anatumiza nthumwi kawiri kuti akambirane, iwo n'kuzibweza pakhomo ndi mawu akuthwa. Abambo Chisale atadwala sanapite kukawaona, ndipo atamwalira anangokhala pamaliro pang'ono n'kunyamuka. Amayi ena omwe ankawakonda anatopa nawo. Nthawi zina ndimaganiza kuti akanafewa pang'ono, ena akanapeza polowera. Koma wonena izi ndi ine, yemwe ndinafewa kwambiri.

Atapuma ntchito, matenda a shuga anawagwira, bala n'kutuluka pa mwendo wabwinowo. Wongani anali ku Mzuzu pantchito. Amayi a kumpingo tinkapita mwa apo ndi apo, aliyense payekha, chifukwa sitinkadziwa ngati n'kololedwa kupita ngati gulu. Yemwe ankabwera m'mawa uliwonse, atasiyira mdzukulu benchi ya usipa, anali Abiti Jafali. Ankawasambitsa, kuwatsuka bala, kuwaphikira phala lopanda shuga, uku akukangana kuti ndani mwa awiriwo wakalamba kwambiri.

Masana ena ndinawapeza ali okha, atagona pamkeka. Anali ataonda moti mawu okha ndiwo anatsala a Amayi Yayi. Ndinalimba mtima.

"Amayi, tsiku lija abusa anafunsa mbali ya amayi. Ine ndinakhala chete."

"Ndinakuona."

Ndinadikira. Panja ana ankasewera fulaye.

"Unali ndi ana aang'ono, ndi banja loti ulisunge," anatero pomaliza. "Koma ndinakudikira, Naphiri. Ndinawerenga mumtima mpaka khumi."

Sananene kuti palibe kanthu, ndipo ine sindinawapemphe kuti atero. Anangonditambasulira dzanja kuti ndiwadzutse amwe madzi.

Nthawi imeneyo kunali kutabwera abusa ena, achinyamata. Ndinapita kwa iwo n'kufotokoza zonse zomwe ndinayenera kunena zaka zija. Anamvetsera, anapita kukawaona, ndipo analonjeza kuti nkhaniyo ilowa pa msonkhano wa akulu ampingo Loweruka lotsatira. Amayi NyaChirwa anamwalira Lachitatu, dzuwa likutuluka, mutu uli pamiyendo ya Abiti Jafali.

Sindinapemphe chilolezo kwa munthu. Ndinatsegula sutikesi yanga, n'kutenga jumbo lija, n'kupita nalo komwe ankakonza thupi. Bulauzi inali itachita chikasu m'mopinda, ndipo inawakulira moti tinachita kuipinda kumsana. Pa duku manja anga anakanika. Abiti Jafali anandilanda n'kufunsa kuti kwanu mumamanga bwanji, mfundo kumbuyo kapena pambali. Ndinawauza, iwo n'kumanga. Akulu ampingo atabwera kudzaona nkhope, anaona zoyerazo. Wina anatsegula pakamwa, n'kutsekanso. Amayi a gulu lathu anakangana m'mawa wonse ngati avale yunifolomu kapena ayi, popeza chigamulo chinali chisanafafanizidwe. Mapeto ake ena anavala, ena sanavale, ndipo tinaimba choncho, mawangamawanga ngati nkhanga.

Loweruka lapitali ndinapita kukaona nyumba yomwe ankachita lendi, kuseri kwa msika. Mukukhala banja lachinyamata lochokera ku Mulanje, lomwe silinamvepo dzina lawo. Mpanda wa udzu anachotsa, aika wa malata. Mtengo wa gwafa anaudula chifukwa unkagwetsera masamba padenga, chitsa chake akuikapo beseni. Mayi wa panyumbapo, mwana kumsana, anandilola kuzungulira kuseri. Pakhoma la khonde la kumeneko Amayi NyaChirwa anapakapo penti yakuda kukhala bolodi, pomwe ankathandizira ana a m'dera omwe ankabwereza mayeso, osafunsa kuti ndi a mpingo uti kapena a mzikiti uti. Eni nyumba anapakapo laimu, koma chakudacho chikuonekerabe pansi pake, chamakona anayi, chopendekera pang'ono kumanzere. Mayiyo anati apakapo kawiri konse koma mvula ikangogwa chimatulukanso, ndipo anandifunsa ngati ndikudziwa kuti chinali chiyani. Ndinamuuza kuti inali bolodi. Anagwedeza mutu n'kubwerera kochapa. Ine ndinatsala pamenepo kanthawi. Patsinde pa khomalo pamera bonongwe, ndipo pa msomali womwe ankakolekapo chofufutira pakulendewera chingwe cha zovala za mwana.